Ng'oma Kapena Ngoma? Mphunzitsi ndi Makina Olembera

M'mwezi wa Juni chaka cha 2023 tidatumidwa ku Salima kukayendera ophunzira athu amene adali kuyeserera ntchito ya uphunzitsi m'sukulu za m'mbali mwa nyanja. Sukulu imene tikufuna kusimba nkhani yake ili kufupi ndi Senga Bay, pamtunda wa makilomita pafupifupi 20 kuchokera pa boma, ndipo munthu ukaima pakhomo pa kalasi umaona matandala oyanikapo usipa ndi mabwato atakokeredwa pamchenga. Tsikulo mwera udali utavuta usiku wonse, asodzi sadalowe m'madzi, kotero kuti ana adabwera kusukulu mwaunyinji. M'Sitandade 3 tidawerengamo mitu 94.

Mphunzitsi wa kalasiyo adali mtsikana wa khama, mmodzi mwa amene timawadalira pa koleji pathu. Poona kuti mabuku adali ochepa, iye adapeka yekha kankhani kowerenga, nakataipa pa foni yake, nakasindikizitsa pa sitolo ina pa Kamuzu Road ndi ndalama za m'thumba mwake, kuti ana awiri aliwonse akhale ndi pepala lawo. Ife tidakhala kumbuyo ndi fomu yathu yolembapo malikisi, ndipo phunziro lisadapite patali tidali titayamba kale kulemba mau oyamikira.

Tsono mphunzitsi adaloza mnyamata wina wamng'ono amene adakhala kufupi ndi khoma. Mwanayo adaimirira, nagwira pepala ndi manja onse awiri, nayamba kuwerenga pang'onopang'ono, phatikizo ndi phatikizo, monga momwe adamphunzitsira: "U-si-ku a-na a-da-mva ngo-ma i-ku-li-ra."

"Ayi, bwereza," adatero mphunzitsi.

Mwana adayang'anitsitsa pepala, nabwereza kuti "ngoma." Adauzidwa kubwereza kachitatu, ndipo kachitatu konse adanena chimodzimodzi, koma mau ake adali kunka nacheperachepera. Mphunzitsi sadayang'ane pepala, pakuti nkhaniyo adaipeka yekha ndipo adali kuidziwa pamtima. Adaganiza kuti mwanayo likumuvuta ndi lilime la kwao, poti ana ambiri a kumeneko amayankhula Chiyao kunyumba. Adamsiya chiimire, naloza mtsikana wa kutsogolo, amene adanena msanga kuti "ng'oma," osayang'ana n'komwe zolembedwazo, ndipo kalasi yonse idamuombera m'manja.

Tidapempha pepala kwa ana amene adali pafupi nafe. M'nkhani yonseyo mudalibe nkhodolero ngakhale imodzi. Padalembedwa kuti ngoma, ngombe, mmawa, ndipo pamene mlembi adafuna kunena za m'bale wake wa mfumu padalembedwa za mbale. Ngoma ndi nyama ya m'tchire ya nyanga zopotoka, ng'oma ndi choimbira. Mwana amene adawerenga zimene zidalidi papepala ndiye adalangidwa, pamene amene adangolota tanthauzo ndiye adayamikiridwa. Tidaona kuti ngati mnyamatayo adatolapo phunziro tsiku limenelo, phunziro lake lidali lakuti maso ake ndi osadalirika, ndi kuti kuwerenga ndiko kuyang'ana pankhope ya mphunzitsi.

Phunziro litatha tidakhala naye mphunzitsiyo pamthunzi wa mtengo wa mango.

"Aphunzitsi, tatiwerengerani mzere wachitatu," tidatero pompatsira pepala.

Adawerenga, nakhala chete kanthawi, kenaka adagwira pakamwa.

"Pepani abwana, ndi foni. Kachizindikiro kameneka kali kutsamba lachiwiri la mabatani, ndiye tidazolowera kungokasiya. Pa WhatsApp aliyense amamva ndithu."

Tidali okonzeka kumudzudzula kolimba, koma tidayamba tatulutsa foni yathu kuti timuonetse kalembedwe koyenera. Uthenga woyamba umene tidaupeza, umene tidalembera mnzathu wa ntchito m'mawa womwewo, udali wakuti "tifika mmawa uno." Tidaibweza foniyo m'thumba mwakachetechete. Zimene adanena n'zoona: munthu wamkulu wodziwa chiyankhulo amamva, chifukwa mutu wake umabwezeretsa chimene diso silidachione. Koma mwana wa zaka zisanu ndi zitatu alibe nkhokwe yotapamo. Iye ali ndi pepala lokhalo, ndipo tidamuuza tokha kuti alikhulupirire.

Masana a tsiku lomwelo mphunzitsi wamkulu wa sukuluyo adatitengera kukapereka moni kwa mkulu wina amene adapuma ntchito ya uphunzitsi kalekale, ndipo amakhala m'mudzi woyandikana ndi sukulu. Titawafotokozera zimene zidachitika, mkuluyo adaseka, nalowa m'nyumba, natuluka ndi pepala la mayeso lofiirira chifukwa cha ukalamba, limene adalitaipa iwo eni m'zaka za m'ma 1970. Nkhodolero zonse zidalipo, ngakhale kuti pa taipi yawo munthu adayenera kukanikiza batani lokwezera malembo ndi la nambala 8 pamodzi kuti aipeze. Koma chimene chidatikopa maso chidali china: pamwamba pa w wambiri padali kachizindikiro kooneka ngati denga la nyumba, kamene iwo adali kukatcha katsindwi, ndipo tonse tidali tolemba pamanja.

"Mwana wanga," adatero mkuluyo, "taipi idalibe lembo limeneli. Tikatha kutaipa sitensulo tinkaichotsa pamakina, n'kuyamba kuika timatsindwi ndi kachitsulo kosongoka, kamodzikamodzi, mpaka pepala lithe. Ukakanikiza kwambiri sitensulo imabooka, inki n'kutayikira pa mapepala onse. Ukakanikiza pang'ono, sikaoneka."

Owerenga athu achinyamata mwina sadziwa za nthawi imeneyo. Chichewa chidakhazikitsidwa kukhala chiyankhulo cha fuko m'chaka cha 1968, ndipo mu 1972 kudabadwa Bungwe la Chichewa, limene lidatulutsa malamulo a kalembedwe mu 1973, nkuwakonzanso mu 1980 ndi mu 1990. Ntchito ya bungweli idapita m'manja mwa Centre for Language Studies ku Zomba mu 1996. M'masiku a mkuluyo dzina la dziko lathu linkalembedwa kuti Malaŵi, ndipo amene ali ndi masitampa akale angathe kudzionera okha katsindwi pamenepo. Mkuluyo adatiuza kuti tiyang'ane milomo yawo. Ponena kuti "iwe" kapena "wanga" milomo idali kuchita ndodo yozungulira, koma ponena kuti "maŵa," "dzuŵa," "nthaŵi," "aŵiri," milomo idali kutambasuka n'kungoyandikana osakhudzana. Ife tidayesa kuwatsanzira ndipo tidalephera kawiri konse, mpaka kamdzukulu kawo kadatiseka.

Sitikunena kuti makina okha ndiwo adachotsa katsindwi m'mabuku a sukulu a masiku ano. Anthu ambiri oyankhula Chichewa adaleka kusiyanitsa maliu awiriwa ngakhale pakamwa, ndipo kalembedwe kakhoza kutsata anthu ake. Nkhani imeneyo ili ndi eni ake, ndipo nafenso m'nkhani ino tatsata kalembedwe ka m'mabuku amene mukaphunzitsire. Koma pochoka pakhomo pa mkuluyo tidali kudzifunsa kuti: ngati lembo limene lidali m'dzina la dziko lidatha kuzimirira chomwechi, nanga nkhodolero, imene tayamba kale kuisiya m'mauthenga athu, idzalimba mpaka liti? Ndipo iyo ikachoka, ng'ona ndi ng'ombe adzaziwerenga motani ana?

Mabatani amene timalemberapo sadakonzedwe ndi munthu woganizira za ife. Mndandanda woyamba ndi malembo Q W E R T Y udachokera kwa Christopher Latham Sholes wa ku America, ndipo makina ake adayamba kugulitsidwa ndi kampani ya Remington m'chaka cha 1874. Kuchoka pa taipi mndandandawo udalowa mu kompyuta, kuchoka apo nulowa m'foni. Malembo Q ndi X, amene Chichewa chilibe nawo ntchito, adapatsidwa malo oonekera, pamene nkhodolero, imene ife timaifuna pafupifupi pa mzere uliwonse, pa foni zambiri idakankhidwira kuseri.

Maganizo amenewa tidakwera nawo galimoto ya matola yobwerera ku boma madzulo. Pambali pathu padakhala bambo wina wochokera ku India, mmisiri wa makina amene adali pa ntchito m'boma lomwelo, ndipo adali kulemba uthenga pa foni. Zala zake zidali kugunda malembo a Chingerezi omwe tonse timawadziwa, koma pagalasi padali kutuluka malembo ena ozungulirazungulira ngati mphete za mkuwa. Safunsa adadya phula, tsono tidafunsa. Adatiuza kuti kwao ndi ku Madurai, ndi kuti chiyankhulocho ndi Chitamil. Zimene adatifotokozera panjirapo, pamodzi ndi zimene tidawerenga titabwerera ku koleji, ndizo zidatichititsa kulemba nkhani ino.

Chitamil chimayankhulidwa ndi anthu oposa 70 miliyoni, makamaka m'chigawo cha Tamil Nadu kummwera kwa India ndi ku Sri Lanka, komanso ku Singapore ndi ku Malaysia. Chili ndi malembo a liu 12 ndi malembo opanda liu 18. Koma kumene ife timangoyandikiza b ndi e kuti tipange be, iwo amasintha maonekedwe a lembo lenilenilo, kotero kuti phatikizo lililonse lili ndi chithunzi chakechake. Mukachulukitsa 18 ndi 12 mupeza maphatikizo 216, ndipo mukaonjezapo malembo 30 aja ndi chizindikiro china chimodzi choima pachokha, zonse zikwana 247. Taipi ili ndi mabatani osafika 50. Tangoganizani ntchito imene idalipo kuti mbuzi zonsezi zilowe m'khola lomangira nkhuku.

Okonza taipi ya Chitamil adachita kuwaduladula malembowo m'zidutswa, kuti wotaipa azilumikiza yekha. Pamenepo padabuka chovuta china. M'Chitamil zizindikiro zina za liu zimalembedwa kumanzere kwa lembo lopanda liu ngakhale kuti potchula zimamveka pambuyo pake, ndipo zina zimalikuta lembolo mbali zonse ziwiri. Wotaipa adayenera kutsata diso, osati khutu: ayambe wagunda chimene chidzamveke pomaliza. Maphatikizo ena adali ndi maonekedwe achilendo osatsata anzawo, ndipo lililonse lidafuna malo akeake pamakina. Mtsogoleri wina wotchuka, Periyar E. V. Ramasamy, adayamba m'zaka za m'ma 1930 kusindikiza nyuzipepala yake ndi maonekedwe osavuta, ndipo mu 1978 boma la Tamil Nadu lidavomereza kusintha maphatikizo 13 otero. Apa tiona kuti nawonso adalolera kugonjera makina pa zina, koma adachita zimenezo masana, atakambirana kwa zaka zoposa 40, nadziwa chimene akutaya ndi chimene akusunga.

Kompyuta zitafika padali chipwirikiti. Aliyense adapanga mndandanda wake wa mabatani ndi njira yake yosungira malembo, kotero kuti kalata yolembedwa pa makina a uyu inkatuluka ngati mapazi a nkhuku pa makina a uyo. Mu 1999 akatswiri adasonkhana ku Chennai, ndipo chaka chomwecho boma la Tamil Nadu lidavomereza mndandanda wotchedwa Tamil 99. Ife aphunzitsi a kuwerenga sitingalephere kuukonda mndandanda umenewu. Malembo a liu adaikidwa ku dzanja lamanzere, opanda liu ku dzanja lamanja, ndipo munthu amagunda monga momwe amatchulira: lembo lopanda liu poyamba, la liu pambuyo, makina n'kusankha okha chithunzi choyenera ndi kuika chizindikiro kumanzere kapena kumanja. Ndi njira yomwe ija timaphunzitsira maphatikizo m'Sitandade 1, pamene timati b ndi a, ba. Tisawatamande mopitirira: mpaka lero Atamil sadagwirizane pa mndandanda umodzi, pakuti ulipo wa boma la India wotchedwa InScript, ulipo wotengera taipi yakale, ndipo ambiri a ku Sri Lanka adazolowera wa Bamini. Chimene chidathetsa vuto la mapazi a nkhuku ndi kusamukira kwa anthu ku Unicode, dongosolo la dziko lonse limene limapatsa lembo lililonse nambala yake imodzi, kaya munthu waligunda kudzera pa mndandanda uti.

Bambo wa m'galimoto uja sadali kugwiritsa ntchito Tamil 99. Adavomera akuseka kuti iye ndi waulesi, amalemba mau monga momwe amamvekera m'malembo a Chingerezi, foni n'kuwasandutsa. Koma adationetsa chinthu chimene chidatikhudza. Chitamil chili ndi maliu atatu amene Mngerezi angawalembe onse ndi l mmodzi. Kuti foni isiyanitse, iye amagunda l wamng'ono pa liu loyamba, L wamkulu pa lachiwiri, ndi zh pa lachitatu. Liu lachitatulo ndilo limene lili kumapeto kwa dzina la chiyankhulo chenichenicho, kotero kuti pofuna kulemba dzinalo amagunda thamizh. Tidakumbukira Chicheŵa ndi Malaŵi wa mkulu uja. Anthu awa nawonso ali ndi liu m'dzina lawo limene Sholes sadalilote, koma ngakhale mlesi wa kwao amavomera kugunda mabatani awiri kuti lisatayike.

Tidatsika pa boma tili ndi manyazi. Anzathu adalimbana ndi zizindikiro 247. Ife malembo athu onse alipo kale pa makina, chotsala ndi nkhodolero imodzi ndi katsindwi kamodzi, ndipo nazo zomwe zikutilaka.

Tsono tikuuzeni zimene tidapeza, kuti musadzanene kuti ku koleji sadakuuzeni. Nkhodolero ili pa foni iliyonse, kaya kutsamba la zizindikiro kaya pansi pa batani lina limene muyenera kulikanikiza kwa kanthawi. Ifufuzeni lero, ndipo muyambe kuiika ngakhale m'mauthenga a kwa anzanu, pakuti chala sichisiyanitsa uthenga wa macheza ndi pepala la ana. Chimene mwachizoloweza madzulo ndicho chidzachite m'mawa. Chachiwiri, foni kapena kompyuta ikakhala kuti idatcheredwa ku Chingerezi imayesa kukonza mau athu n'kuwasandutsa mau a Chingerezi oyandikana nawo, nthawi zina inu osaona. Zimitsani kukonza kumeneko musanayambe kulemba Chichewa.

Lembo la ŵ nalonso lilipo, ndipo pamenepa tidadyera m'mbale ya anzathu a ku Wales, amene amalifuna m'chiyankhulo chawo, monga m'mau akuti dŵr, kutanthauza madzi. Nambala yake mu Unicode ndi 0175, ndipo ya lembo lalikulu ndi 0174. Pa foni zina limatuluka mukakanikiza w kwa kanthawi. Mu Microsoft Word mulembe u+0175 kenaka mugunde Alt ndi X pamodzi. Musasiye u+ woyambayo, chifukwa ngati lembo la patsogolo pake ndi a, monga mu Mala, makina adzamuwerengera a uja ngati mbali ya nambala n'kukupatsani chinthu china. Pa Windows, mukasankha mndandanda wa United Kingdom Extended, mugunde AltGr ndi 6, kenaka w. Mudzafunsa kuti nanga lembo lopanda m'mabuku mulifuniranji. Mukaphunzitsa m'mbali mwa nyanja muno mudzakumana ndi ana amene mau awo oyamba a m'nyumba ndi ŵandu, ndipo mukatumizidwa ku Rumphi kapena ku Nkhata Bay mudzamva ŵanthu. Tsiku limene mudzafune kulemba liu la kwao kwa mwana pa tchati, kapena kukopera ndime ya m'buku lakale monga momwe ilili, musadzalephere chifukwa cha batani. Koma pa mayeso a Chichewa musamuchotsere mwana malikisi posaika katsindwi kamene buku lake lilibe.

Tichenjezepo pa chinthu chimodzi chokhudza thumba. Uthenga wamba wa SMS umanyamula zizindikiro 160, koma mukaikamo ŵ mmodzi yekha umasinthira ku dongosolo lina limene limanyamula 70 zokha, ndipo uthenga wautali umagawika n'kudya ndalama zambiri. Nkhodolero yowongoka ilibe vuto limeneli, koma yopindika ili nalo. Pa WhatsApp mulibe zimenezi.

Potsiriza pali ulendo wochokera m'foni kupita papepala. Makina a pa sitolo yosindikizira akhoza kukhala opanda mtundu wa malembo umene mudalembera, n'kuika kabokosi pamalo pa ŵ kapena kusokoneza mizere. Sungani nkhani yanu ngati PDF musanaitumize, ndipo pemphani pepala limodzi loyamba muliwerenge mokweza, mukuloza ndi chala phatikizo lililonse monga momwe mwana achitira, musanalole kuti asindikize otsalawo. Amene mungathe, funani mtundu wa malembo wotchedwa Andika, umene bungwe la SIL lidakonzera oyamba kumene kuwerenga ndipo ndi waulere. Lembo lake la a limafanana ndi a amene timalemba pa bolodi, osati wa mbedza pamutu amene amasokoneza ana.

Patapita masabata awiri tidabwereranso ku sukulu ija. Mphunzitsi wathu adalibe ndalama zosindikizitsira kachiwiri, tsono adatolera mapepala onse 47 nakhala nawo usiku pa nyali ya sola, akuika nkhodolero ndi bolopeni yofiira, imodziimodzi. Tidamuuza za mkulu wa sitensulo uja, ndipo adati adzapita kukawaona. Pa bolodi adajambula ng'oma mbali ina, nyama ya nyanga mbali inayo, nalemba maina ake pansi, ndipo ana adapikisana kupeza mau ena a nkhodolero: ng'ona, ng'amba, pang'ono, m'madzi. Mwana wina adafunsa ngati ngoma imadya anthu.

Asadayambe kuwerenga, mphunzitsi adaima patsogolo nati, "Tsiku lija mnzanu adawerenga bwino. Amene adalakwa ndine, chifukwa ndidasiya chizindikiro ichi." Ana adatembenukira ku khoma kuja, koma pamalo pa mnyamatayo padalibe munthu. Mwera udali utaleka, usipa udatuluka wambiri, ndipo iye adali ku doko kuthandiza amayi ake kuyanika. Mphunzitsi adatenga pepala limodzi lokonzedwa, nalembapo dzina la mwanayo pamwamba, naliika m'kaundula wa maina, nati adzanenanso mau omwewo Lolemba.